Phala la Madeya Limene Silinaphikidwe

Ndagwira ntchito yophika m'nyumba za ku Eriya 10 zaka zambiri, ndipo timabodza ta m'khitchini ndanamapo tochuluka: kuti mbale inali yong'aluka kale, kuti mchere ndinathira pang'ono chabe. Timeneto sitindivutitsa mtima. Koma pali bodza limodzi limene ndinanama pa Msika wa Lilongwe masanasana, ndipo mpaka lero likundidya.

Nthawi imeneyo ndinkagwira ntchito kwa mayi wina wa ku Korea amene ndinkawatchula kuti adona. Anali atakhala kuno zaka zambiri, ofesi yawo ili ku City Centre, ndipo Chichewa ankayankhula ndithu ngakhale chinkatuluka chopindikapindika. Chaka china nthawi ya Khirisimasi kunabwera amayi awo kudzacheza. Ine ndinkawatchula kuti amayi aakulu. Anali aafupi, a imvi mutu wonse, oyenda mofulumira ngati achedwa basi, ndipo Chingerezi sankachidziwa ngakhale liwu limodzi. Ankalowa m'khitchini mwanga osaodira, kuvundukula mapoto, kununkhiza, kenako n'kupukusa mutu. Ndisaname, sindinkawakonda.

M'mawa wina mu Januwale, mvula itagwa usiku wonse, adona anandiitana ndikutsuka makapu.

"Amayi, lero sindipita ku ofesi. Mutiyendetse m'tauni, inu ndinu mukudziwa misika."

Ndinafunsa ngati kukubwera alendo.

"Ayi. Kwathu kunali nkhondo mayi anga ali mwana. Mlongo wawo wamng'ono anamwalira panjira akuthawa, ndipo tsiku lake ndi lero. Chaka chilichonse amamuphikira phala, sanadumphitsepo. Ufa umene anabwera nawo wachita nkhungu ndi mvulayi. Tipeze wina dzuwa lisanalowe."

"Ufa wanji, adona?"

Anakanda m'mutu. "Dzina lake pa Chichewa sindikulidziwa. Koma iwo akauona audziwa."

Ndinaona ngati ntchito yochepa. Ndinavala chitenje chatsopano, ndikudzimva kuti lero ndine woonetsa alendo mzinda, ndipo tinakwera galimoto.

Poti ndinamva za nkhondo, ndinati tiyambire pa chipilala cha asilikali chija chili pafupi ndi Capital Hill. Ndinafotokoza zimene ndinkadziwa, zomwe sizinali zambiri, kuti agogo athu anapita kukamenya nkhondo za azungu kutali ndipo ena sanabwerere. Adona ankamasulira. Amayi aakulu anayang'ana chipilalacho kamodzi, n'kunena mawu ochepa, kenako n'kubwerera kugalimoto.

"Akuti asilikali amawamangira zipilala," anatero adona. "Akuti tiyeni, nthawi ikutha."

Ndinapsa mtima pang'ono, poti ndinali nditangoyamba kumene kukometsa nkhani.

Tinatsikira ku Old Town. Titaimika galimoto tinadutsa pa ziwaya pamene amakazinga tchipisi ndi soseji. Apa amayi aakulu anaima, n'kuloza soseji, ndipo kwa nthawi yoyamba ndinawamva akuyankhula motalika. Adona anandiuza kuti nyama yotere mayi awo anayamba kuiona m'migolo ya zinyalala kuseri kwa misasa ya asilikali achilendo. Amayi a kumeneko ankatenga zotsala m'mbale za asilikaliwo, kuziwiritsa pamodzi mumphika umodzi waukulu, n'kumagulitsa. Munthu ukamadya unkatulutsa m'kamwa zotsalira za ndudu, kuziponya pansi, n'kupitiriza kudya. Masiku ano chakudya chimenecho anachikonza bwino, akuti chili m'malesitilanti ndipo achinyamata amachikonda. Iwo sachilawa.

Tinalowa mumsika, matope ali thothotho, anthu akukankhana ndi maambulera. Pa mzere wa ndiwo zamasamba amayi aakulu anadumpha repu ndi kabichi n'kukagwada pa mulu wa chisoso ndi bonongwe. Anabudula tsamba la chisoso n'kuliika m'kamwa losaphika, mayi wogulitsa ali kakasi. Kudzera mwa adona, amayi aakulu anati zomera zake n'zosiyana ndi za kwawo koma kuwawa kwake n'komweko. Masamba akutchire ndi makungwa a mitengo ndiwo anasunga anthu m'zaka zimenezo, koma pa ulendo wothawa uja kunalibe ndi tsamba lomwe. Kunkazizira moti mitsinje inalimba gwa, anthu n'kumayenda pamwamba pake. Iwo anali ndi zaka zisanu ndi ziwiri, mlongo wawo zinayi. Makolo awo anasiyana nawo m'chipwirikiti pa siteshoni ya sitima, ndipo amayi aakuluwo anayenda masiku angapo atam'bereka mwanayo kumbuyo.

Apa mkwiyo wanga unali utatha. Ndinawagwira dzanja powolotsa ngalande, iwo sanakane.

Tinafika pa mzere wa ufa. Amayi aakulu anapisa dzanja m'beseni lililonse: ufa woyera, mgaiwa, wa mapira, wa mawere, wa soya. Paliponse ankafikisa pa zala, kununkhiza, n'kupukusa mutu. Potsiriza anatola njere imodzi ya chimanga, n'kuyamba kuikanda ndi chikhadabo mpaka kakhungu kake kanasupuka. Kakhunguko anakaika pachikhatho n'kundionetsa, maso ali pa ine.

Ndinadziwa pomwepo. Ankafuna madeya.

Adona anafotokoza motsitsa mawu. Pa mudzi wina mayi wachifundo anawapatsa madeya a balere odzaza dzanja limodzi, chifukwa ndi zokhazo zimene anali nazo. Amayi aakulu, kamtsikana nthawi imeneyo, anatola kachitini, n'kusonkha moto, mwana uja ali chigonere pambali akulirira phalalo. Nkhuni zinali zonyowa, moto unavuta. Mmene phala linkapsa, mwana anali atasiya kulira. Sanalilawe.

"Ndiye chaka chilichonse amamuphikira lomwelo," anatero adona. "Balere kuno kulibe, koma akuti a chimanga akhoza. Tingawapeze kuti?"

Madeya ndinkadziwa kumene anali. Kuseri kwa mzere womwewo, pafupi ndi ogulitsa nkhuku, panali matumba ake, ndipo mu Januwale amene amagula madeya si oweta nkhuku okha.

Koma ine ndi madeya tili ndi mlandu. Chaka cha njala chija ndinali ndidakali kumudzi, mbali ya ku Mitundu, ndili ndi mwana wamkazi wa zaka zitatu. Tinkadzuka m'mamawa kukandanda pachigayo, kudikira kuti mwini wake atilole kusesa pansi. Zimene tinkasesazo zinali madeya, fumbi ndi mchenga. Ndinkapeta, kuphika, n'kumudyetsa mwana wanga ndi chala. Anatsegula m'mimba masiku anayi, miyendo inatupa, ndipo tinamuika m'manda atakulungidwa mumphasa chifukwa panalibe wamphamvu zokhoma bokosi. Kuyambira pamenepo madeya ndimatha kuwawazira nkhuku, koma kuwaona akuwira mumphika, kuti adye munthu, ayi.

Panalinso china, ndipo chimenechi ndi chimene ndinadzinamiza nacho. Kwathu mlendo sumupatsa chakudya cha nkhumba. Ndipo ngakhale ndine wa mpingo, ndinakula ndikuona azakhali anga akuthira nsembe patsinde pa mtengo, ndipo unali ufa woyera mbee, wosefa bwino. Womwalira umamupatsa chabwino kwambiri chimene uli nacho. Ndinati mumtima, mwana ameneyu anafa ndi njala, nanga lero tizimunyozanso ndi madeya? Ndinadziona ngati wanzeru kuposa mlongo wake.

"Amenewo m'tauni muno sagulitsa, adona," ndinatero. "Ndi za kumudzi."

Mayi wogulitsa ufa anatsegula pakamwa, dzanja litayamba kale kuloza kuseri. Ndinamuponyera diso lakuthwa. Anatseka pakamwa, n'kuyamba kukonza ufa wake.

Amayi aakulu sanakhutire. Analoza kutsidya kwa mtsinje, kumene kunkaoneka malona ndi zisakasa za Msika wa Tsoka. Ndinawauza kuti kumeneko n'kwa zovala, koma anali atayamba kale kuyenda. Tinawoloka pa kamlatho ka matabwa, mtsinje wa Lilongwe uli wofiira, ukukokolola zinyalala pansi pathu. Kwa nthawi yaitali ndinawazungulitsa pakati pa milu ya kaunjika ndi nsapato, ndikufunsa anthu mokweza zinthu zimene ndinkadziwa kuti alibe. Nsapato zawo zansalu zinadzaza matope. Anayamba kupuma mwabefu, ndipo kawiri anatsamira mtengo wa chisakasa. Ndinkaona zonsezi, koma bodza ukalibereka sulitula pagulu.

Pobwerera ndinagula ufa woyera wabwino kwambiri pa mzere wonse. Ndinauza adona kuti kwathu akufa timawalemekeza ndi umenewu. Adona anamasulira. Amayi aakulu anangoyang'ana jumbo ya ufayo, ndipo tinabwerera kunyumba.

Cha m'ma folo koloko analowa m'khitchini. Ulendo uno sananunkhize mapoto anga. Anatenga kapoto kakang'ono kwambiri n'kuphika okha phala lamadzimadzi, lopanda mchere, lopanda shuga. Anayala katebulo kafupi pabalaza, kuikapo mbale ya phalayo ndi kapu ya madzi, n'kuika sipuni m'mbalemo. Kenako anatsegula chitseko cha kutsogolo n'kuchisiya chotsegula, kuti mwini chakudya alowe. Anagwada n'kugunditsa chipumi pansi, kudzuka, kugwadanso. Mawondo awo ankalira, ndipo ulendo wachiwiri adona anachita kuwadzutsa.

Atakhala pansi anayankhula ndi mbale ija, mawu otsika, ngati mmene timanyengerera mwana amene wakana kudya. Adona anatembenukira kukhoma n'kupukuta m'maso. Ine ndinali chiimire pakhomo la khitchini, ndipo ndinafunsa monong'ona kuti akuti chiyani.

"Akupepesa," anatero adona. "Akuti, ili si lako, sulidziwa, choyera chotere sunachionepo. Akuti anafuna m'tauni monse koma sanapeze. Akuti ungolawako."

Tsono ndinene chimene chimandipweteka koposa. Kuseri kwa nyumba, pafupi ndi kachipinda kanga, adona anandilola kuweta nkhuku zisanu. Pansi pa bedi langa panali thumba la madeya la nkhukuzo, lofika theka. Kuchokera pamene ndinaima mpaka pa thumbalo sipanali patali kuposa kuchoka pakhonde kufika pageti. Dzuwa linali lisanalowe. Phala la madeya silichedwa kupsa, ndipo ndani angalidziwe kuposa ine? Ndinaima pomwepo, manja ndili nawo m'chitenje. Ndinaopa fungo lake, ndinaopanso kuti aona kuti ndawayendetsa m'matope tsiku lonse ndikudziwa. Ndinaonerera phala loyera lija likuzizira mpaka linachita khungu pamwamba, kunja n'kuchita mdima, adona n'kutseka chitseko.

M'mawa mwake ndinakhuthulira madeya m'kabeseni n'kupita nawo pakhonde pamene amayi aakulu anakhala ndi adona. Ndinagwada n'kuika kabeseniko patsogolo pawo. Ndinali nditakonza bodza lina, loti munthu wa kumudzi wabwera nawo m'mamawa, koma sindinalinene.

Amayi aakulu anatapa ndi zala ziwiri, kununkhiza, n'kuika palilime. Anatsinzina kwa kanthawi. Atatsegula maso anandiyang'ana ine, kenako anayang'ana kumbali kwa nyumba kumene nkhuku zanga zinkajompha madeya omwewo pansi. Kenako anayang'ananso ine. Ananena mawu ochepa.

"Akuti ndi omwewa," anatero adona, osandiyang'ana. "Koma tsiku linali dzulo."

Amayi aakulu ananyamula kabeseniko ndi manja awiri n'kundibwezera, akuweramitsa mutu mwaulemu monga amachitira kwawo. Ndikanakonda akanandilalatira. Palibe anandifunsa kanthu, tsiku limenelo kapena lina lililonse, ndipo ntchito sinandithere. Madzi akatayika saoleka. Ndinanyamula kabeseni kanga n'kubwerera kukhitchini kukawiritsa madzi a tiyi.

Masabata awiri amene anatsala amayi aakulu sanalowenso m'khitchini mwanga. Mapoto anga anakhala pamtendere umene ndinkaulakalaka uja, ndipo sunandikomere. Kangapo ndinafuna kupempha adona kuti andimasulire, ndiwauze amayi aakulu za mwana wanga, za chigayo ndi za mphasa ija. Mwina akanamva. Pa anthu onse amene ndaphikirapo m'nyumba za mipanda italiitali izi, iwo okha ndiwo akanadziwa chimene ndikunena. Koma ndinaona ngati ndikufuna kugula chikhululukiro ndi maliro a mwana wanga, ndipo ndinakhala chete mpaka tsiku limene ndinawanyamulira sutikesi kukaika m'galimoto.

Chaka chomwecho, nyengo yozizira, adona anabwera kuchokera ku ofesi masana n'kuyamba kulongedza. Mayi awo anali atamwalira. Atabwerako ku maliro ndinawafunsa, ndikupukuta tebulo kuti ndisawayang'ane, ngati pali wina amene azidzaphika phala lija Januwale akakwana.

"Palibe," anatero. "Ife sitinamuonepo. Alibe manda, alibe chithunzi. Amene ankadziwa nkhope yake anali mayi okha."

Mwana uja anadikira phala lake pambali pa moto wonyowa, ndipo kwa zaka zoposa makumi asanu ndi awiri mlongo wake ankalifikitsa, chaka ndi chaka, osaphonya. Ulendo wotsiriza anadalira ine, mayi amene ndinkadziwa bwino kuposa aliyense mu Lilongwe muno mmene mwana amalirira phala la madeya. Ine ndinamupatsa ufa woyera.