Masiku makumi anayi osameta ndevu

A Givi anandidyera zaka zitatu. Tsiku loika maliro awo ndinadzuka kusanache, chikwama changa chili chopakiratu kunsi kwa bedi. Lolemba ndinkayenera kuyamba ntchito kumigodi ya kumpoto.

A Givi anali amuna a mayi anga. Anakumana kuchipatala ku Nedlands, mayi ali nesi, iwo ali wodwala wovuta. Kwawo ku Georgia ankalemba ndi kutsogolera mafilimu. Anapanga asanu ndi awiri. Yachinayi boma la nthawiyo linaitsekera m'kabati, ndipo ankainena ngati mwana amene anamwalira. Kuno ku Perth palibe ankawadziwa. Maso awo atayamba kufa, anandipempha ndiwagwirire kamera kwa miyezi iwiri yokha. Kuyunivesite sindinabwererekonso.

Pabalaza ndinapeza azimayi akumpingo atagona pakapeti, nyimbo zitawatopetsa. Magalasi onse anali ophimba ndi nsalu, mwambo wa kwawo kwa malemu. Kuseri ankaphika pa gasi, poti nyengo yotentha salola kusonkha moto panja. Anthu anafika dzuwa likutuluka, ena adakali m'yunifolomu. A ku Georgia anabwera ochepa, onse m'zakuda, atanyamula vinyo m'zigubu.

Bokosi litabwera tinalizungulitsa katatu pabalaza, n'kuligunditsa pachitseko katatu, monga amachitira kwawo kwa malemu. Ine ndinagwira kutsogolo. Kumanda kunali dzuwa ndi ntchentche. Mwana wamkazi wa a Givi, Nino, amene anachokera ku Tbilisi, anatchula mafilimu onse aja umodzi ndi umodzi. Kenaka anati yachisanu ndi chitatu sinathe, koma pali mwana wamwamuna amene adzaimalize. Anthu onse anatembenukira kwa ine. Mayi anagwedeza mutu, akumwetulira m'misozi.

Titabwerera kunyumba, mkulu wa mpingo analengeza kuti kumeta ndi mawa, aliyense amasuke apite kuntchito. Nino anakana. Anati kwawo mwana wamwamuna sakhudza lezala mpaka masiku makumi anayi, chifukwa mzimu umakhala udakali panjira. Ndinamuuza kuti sindine mwana wawo. Ndinatinso kumgodi salola ndevu, chophimba kumphuno choteteza fumbi sichigwira bwino, ndipo ukafika osameta amakubweza.

Mayi anandikokera kukhitchini.

“Iwe unali maso awo. Usandichititse manyazi pamaso pa alendo.”

“Mayi, ntchito sidikira ndevu.”

Mayi anabwerera kwa alendo awo.

Madzulo anthu anabalalika. Mipando yobwereka inatsala itasanjikizidwa pakhonde, mayi atadzitsekera kuchipinda. Patebulo langa Nino anasiya katoni ya zonse zimene ndinajambula ndi a Givi, pamwamba pali kope lawo la zilembo zopotana zimene sinditha kuwerenga. Ndinalowa kubafa. Galasi linali lophimbabe, ndipo lezala langa panalibe. Mayi anali atalichotsa.

Ndikanatha kukagula lina. Ndinakhala pabedi, chikwama chikundigunda kuchidendene, n'kuwalembera akumgodi kuti sindibwera.

Pa zaka zitatu zija a Givi awonjezerapo masiku makumi anayi.