Telala amene anakasokera pa benchi ya banki

Tsiku limene anadzamulanda makina, Mayi Zipi anali pakati posoka yunifomu ya mwana wasukulu. Dzinali anamupatsa ndi makasitomala, poti zipi imene atelala ena aikana, iye ankaidzutsa. Amuna awiri anadula ulusi n'kunyamula makinawo pamapewa, anthu mumsewu monse atasiya zochita n'kumaonerera. Abale, manyazi ake osasimbika.

Ngongole inalipodi, tisanamizane. Anaitenga ku banki ya kopaletivi, ija eni ake ndi mamembala omwewo, ndipo makinawo ndiwo anali chikole. Ankabweza bwinobwino mpaka mwamuna wake anadwala. Miyezi inathera kuchipatala, kenako bamboyo anatisiya. Mayiyu anatsala ndi ana atatu ndi makina amodzi owadyetsa. A banki sanamuchenjeze, sanamufunse n'komwe chimene chamugwera.

M'mawa mwake analawirira kwa manijala.

"Komiti ya ngongole inagamula kale, mayi," anatero manijalayo. "Makina agulitsidwa mwezi ukatha."

"Inagamula bwanji ine kulibe?"

"Ndi mmene timachitira kuno. Pepani."

Mlamu wake anamuuza kuti angoiwala. "Alamu, banki salimbana nayo. Bwerani muzindithandiza kugulitsa sopo." Anthu ambiri apa akanagonja, nanenso mwina ndikanagonja. Koma paja wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko.

Mayi Zipi anatenga singano, ulusi ndi thumba la zovala zong'ambika, n'kukakhala pa benchi yodikirira m'banki momwemo. Anayamba kusoka pamanja. Mlonda atabwera kuti amutulutse, iye sanadzutse n'komwe mutu.

"Ndine membala, achimwene. Masheya anga ali muno, ndiye mwendo umodzi wa benchi iyi ndi wanga."

Mlonda anaseka n'kubwerera pakhomo.

Musaganize kuti zinali zophweka. Zala zinatupa, zimene ankapeza zinali zongogulira sopo ndi mchere, ndipo masiku ena ana ankadya kamodzi. Ena ankamunena kuti maliro amusokoneza mutu. Koma banki ikatsegula, iye ali pompo. Ngakhale mtsikana wa pakauntala, amene poyamba ankamuyang'ana ndi diso lakumbali, anadzamubweretsera siketi mobisa kuti aikonze zipi!

Anthu a pamzere ankamufunsa chimene akusokera pamenepo, iye n'kuwauza. Apa m'pamene zinaululika kuti sanali yekha. Wometa wina analandidwa makina ometera momwemo, mayi wina firiji. Onse anangomeza malovu n'kukhala chete. Tsopano pamzere panali nkhani imodzi yokha, ndipo mwezi unali kutha.

Nkhani inamufika wapampando wa komiti, bambo wachikulire wosachedwa kupepesa. Anabwera n'kukhala naye pa benchipo.

"Mayi, si nkhanza ayi. Chiyambireni banki ino, wangongole sitimuitana ku komiti. Timamusungira ulemu. Kumuimika pamaso pa mamembala anzake n'kumuvula."

"Bambo, munandivula kale tsiku lija makina anga ankadutsa mumsewu ali pamapewa a anthu. Ngongole sindikuikana. Ndikungopempha kuti mundimve musanagulitse."

Mkuluyo anangoti, "Mubwere komiti ikakumana."

Tsikulo litafika, Mayi Zipi analowa m'chipinda cha komiti. Anafotokoza za matenda, za maliro, za ana. Membala wina anati lamulo ndi lamulo, mukamvera mmodzi chisoni mawa onse adzalira. Mayi Zipi anamuyankha mofatsa.

"Sindinabwere kudzapempha chisoni. Mukagulitsa makina akale ajawa, mupeza theka la ndalama zanu, ine mundisandutse wopemphapempha. Mukandibwezera, ndizipereka pang'onopang'ono sabata iliyonse mpaka zonse zikwane."

Anakangana mpaka thukuta, kenako anavota pokweza manja. Manja omuvomera anaposa pang'ono chabe, koma anaposa. Mayiyu analira pomwepo, misozi imene anaisunga mwezi wonse.

Makina anamubwezera ndipo ngongole ija anaimaliza, ngakhale panali masabata ena oti ankafika pakauntala ndi makobidi okhaokha. Pamsonkhano waukulu wa mamembala, wometa uja ndiye anaimirira koyamba, ndipo mamembala anagwirizana za lamulo latsopano: katundu wa munthu asatengedwe asanachenjezedwe ndiponso asanamvedwe. Lero Mayi Zipi ali ndi shopu yake, akuphunzitsa atsikana kusoka, ndipo ana ake onse ali pasukulu.

Inu amene ngongole ikukusowetsani mtendere, lekani kuzimitsa foni n'kumabisala kuseri kwa chitseko. Kubweza bwezani ndithu, za eni ndi za eni. Koma chikole munapereka katundu, simunapereke pakamwa. Pitani, kakhaleni poti akuoneni, mulankhule mpaka akumveni. Zonse angakulandeni, mtima wokhawo musautaye nokha.