Nkhulukulu ya Kumanda

ARafaelo anali wojambula zithunzi wa ku Mayani, ndipo m'masiku awo ukwati wopanda iwo unali ndiwo zopanda mchere. Ubatizo ku Kasina, iwo. Ukaristia woyamba, iwo. Pajatu ife tikamajambulitsa timafuna zonse zioneke: malata atsopano, njinga, wailesi, ngakhale mbuzi ya eni ake yongodutsa. Choncho bambowa anamera imvi akuonetsetsa kuti kutsogolo ndi kumbuyo kwa chithunzi kuzioneka mofanana.

Kenaka kunabwera mafoni. Aliyense wojambula, mpaka ogulitsa kachewere m'mbali mwa msewu! Ntchito ija inangoti zii.

Zojambula mbalame anaziyamba posowa chochita, koma zinawalowa m'magazi. Anaphunzira okha kuti mbalame sijambulidwa ngati mkwatibwi. Udzu wa kutsogolo uzisungunuka, mitengo ya kumbuyo ingokhala mbuu, chooneka bwinobwino chikhale diso la mbalame basi. Ankati ukapotoza galasi la kamera mopyola pang'ono, wajambula nthambi.

Imene inkawasowetsa mtendere ndi nkhulukulu, yobiriwira ija, yofiira m'mapiko. Mitengo yathu tinaimaliza ndi makala, yotsala ndi ya kumanda, ndipo nkhulukulu zinathawira komweko. Tsono kumanda salowako chisawawa. Uyerekeze kuoneka uli pakati pa mitumbira ndi kamera popanda maliro, mawa dzina lako ndi mfiti. ARafaelo ankangoima m'munda wa chimanga wa m'malire, mapesi kutsogolo, mitanda kumbuyo kwa mbalame, n'kumayesetsa kuti zonsezo zisungunuke.

Maso ndiwo anawatembenukira. Kuchipatala ku Boma anawauza kuti si ng'ala yoti n'kuchotsa, ndi mitsempha ikufa, ndipo sidzadzukanso. Anabwerera kumudzi ali ndi mantha, mantha enieni. Chimene ankapempha kwa Mulungu chinali chimodzi: nkhulukulu imodzi yooneka bwino, mdima usanatseke.

M'mawa wina wa Juni, kuzizira kwa ku Dedza kukuluma zala, mwana wawo Pilira, mayi wa pabanja pake, anasiya dimba n'kuwagwira dzanja mpaka m'munda muja. Nkhungu itayamba kuyera, anaimva ikulira, kho-kho-kho.

"Ili pati?" anafunsa aRafaelo monong'ona.

"Pa nthambi yam'munsi, bambo, kumanja kwanu. Tsitsani pang'ono. Pomwepo!"

Anaika diso pa kamera. Udzu, mbalame, mitengo, zonse zinali phala limodzi. Anapotoza galasi mwa chizolowezi cha zala, nadina kamodzi. Nkhulukulu inauluka n'kulowa m'kati mwenimweni mwa manda, kumene sakanaitsatira.

Anapereka kamera ija kwa Pilira.

"Taona iwe. Diso laoneka?"

Pilira anayang'ana nthawi yaitali. Anafuna kunama, koma bambo ake sanali munthu womunamiza pa chithunzi.

"Mbalame sikuoneka, bambo. Pangokhala chinthu chobiriwira, mbuu."

"Mapesi?"

"Asungunuka bwino."

"Nanga chaoneka bwinobwino n'chiyani? Pali chimene chagwira basi."

Kumbuyo kwa nthambi ija kunali mtanda wa simenti wa aBernadetta, mayi ake, mkazi wa aRafaelo, amene anawaika m'manda amenewo dzinja lapitalo.

"Mtanda wa amayi," anatero.

ARafaelo mtima unawawawa kwambiri, moti anakhala pansi pa mzere wa chimanga, pa mame pomwepo.

"Dzina likuwerengeka?"

"Likuwerengeka lonse, ndi chaka chomwe."

"Pambali pake malo alipo?"

"Bambo, musayankhule choncho."

"Ndafunsa za chithunzi ine."

Pilira anapukuta misozi ndi nsonga ya chitenje.

"Alipo."

ARafaelo anagwedeza mutu, nafufuza chivindikiro m'thumba la jekete, n'kutseka galasi la kamera.

"Tiye unditengere kunyumba," anatero. "Undigwire bwino, njirayi sindikuiona."