Chulu Chosavundikira

Mkazi wanga ankaphunzitsa Bayoloje pa sekondale ina kufupi ndi Njuli. Ine ndinaphunzira zojambula ku koleji, ngakhale kamera yanga inkathera ku maukwati ndi zinkhoswe. Tinayamba kujambula kanema wa ngumbi pa chulu cha m'munda wa mayi ake. Iye ankadziwa zochitika mkati mwa chulu, ine ndinkadziwa poima kuti dzuwa liwale pa mapiko. Tinkakangana. Ndikati tiyatse nyali kuti ngumbi zidzaze chithunzi, ankati, "Bambo, musazinamizire. Jambulani zimene zikuchita."

Anamwalira mu Ogasiti, kanemayo asanathe. Linatsala gawo limene ankalifunitsitsa: ngumbi zikatera zimathothola mapiko, yaikazi n'kutsogola, yaimuna pambuyo, kukafuna pokumba.

Ndinali mkamwini. Akuchikazi anagwirizana ndi amalume anga kuti adzandisudzula mvula ikayamba, ndibwerere kwathu ku Namitambo. Panalibe choipa, anandisunga bwino. Koma ndikachoka, pa chulupo sindidzakhalanso ndi mawu. Komanso chaka chilichonse amachivundikira ndi udzu n'kukumba dzenje kuti ngumbi zigweremo, ndipo pa chulu chovundikira palibe chouluka.

Apongozi sindikanawapempha maso ndi maso kuti asachivundikire. Ndinauza mlamu wanga, mchimwene wa malemu, akumanga mitolo ya udzuwo.

"Alamu, ndiye chaka chino tidya kanema?" anatero. "Mudzamukazinga ndi mchere?"

"Tsiku limodzi lokha."

"Ngumbi zilibe mawa, alamu. Zikatuluka zatuluka."

Anapitabe kukauza mayi ake. Pobwera ananyamula mitolo ija n'kukaiponya kuseri kwa khola la mbuzi. Chulu chinatsala chosavundikira.

Mvula inagwa masana ena n'kukata dzuwa lisanalowe. Ndinagona chafufumimba m'matope, kamera nditaikhazika pa njerwa. Ngumbi zinatuluka. Ndinaona kuti kuwala kunali bwino. Ndinadikira kuti mumtima muchitike kanthu, koma ndinkangoganiza za batire.

Ziwiri zinatera pafupi nane, zinathothola mapiko, zinayamba ulendo. Ndinazitsatira mpaka pa phesi la chimanga. Kenako nkhuku ya apongozi inalowa m'chithunzi n'kujompha yakutsogolo ija. Yotsalayo inazungulira pamalopo, kupita uku, kubwerera, ikugwedeza tinyanga take. Sindinazimitse kamera. Mlamu anagenda nkhukuyo ndi chibuma, itameza kale.

"Yakuonongerani?" anafunsa.

"Sindikudziwa."

"Tiiphe, mudyere ulendo."

Ndinajambulanso zina ziwiri. Izo zinafika pa dothi lofewa n'kukumba mpaka kubisika, kuwala kofiira kuli pamisana. Pa zithunzi zonse zimene ndinajambulapo, palibe chokongola kuposa chimenecho.

Anandisudzula Loweruka lotsatira. Apongozi anandiyankhula okha koyamba, atayang'ana pansi. Anati ndizibwera. Ndinakwera kabaza, chikwama cha kamera chili pamiyendo.

Ku Namitambo ndinakhala milungu ingapo ndi zithunzi ziwirizo pa kompyuta, ndikusankha chotsekera kanema. Chokongolacho ndinachiika pakati. Kumapeto ndinaika cha nkhuku, chonse, popanda nyimbo kapena mawu ofotokozera, chifukwa sindikudziwa zimene ngumbi yotsala yokha imachita pambuyo pake, ndipo ndinalibe womufunsa.

Kanemayo ndinamupereka kusukulu kuja. Mphunzitsi amene analowa m'malo mwa malemu anandiuza kuti ana amaseka kwambiri nkhuku ikalowa, ndipo amapempha kuti abwereze.