Mame a m'munda wa tiyi

Lero m'mawa mwana wanga wavala yunifolomu yosauma bwino. Fungo la nsalu yonyowayo landibweza ku Thyolo, mpaka chakudya chandikanika.

Tinkakhala m'nyumba za antchito a pa esiteti. Njira yachidule yopita kusukulu inkadutsa m'munda wa tiyi, ndipo m'mawa masamba ankakhala ndi mame ngati kwagwa mvula. Ine ndinali mu Sitandade 1, wamfupi kuposa tiyiyo. Choncho achemwali anga, omwe anali mu Sitandade 6, ankandikweza paphewa kuti kabudula wanga asanyowe. Iwo ankafika diresi litanyowa kuyambira m'chiuno, likumata miyendo.

Tsiku lina tinapeza anyamata akuluakulu pakhomo pa sukulu, ana a makalaliki omwe ankadzera kumsewu, nsapato zawo zili zouma.

"Taonani, wadzikodzera!" anakuwa mmodzi, akuloza diresi la achemwali. Onse anafa ndi phwete. Kenako mnyamata uja anatembenukira kwa ine. "Iwe, kodi kunyumba amateronso?"

Anyamata amenewo anali asanandilankhulepo. Ndinkafunitsitsa kuti andikonde.

"Eee," ndinayankha mokweza, "tsiku lililonse."

Phwete linakula. Achemwali anandiyang'ana, milomo ikunjenjemera ndi kuzizira. Kenako anawerama n'kuchotsa katsamba ka tiyi kamene kanakakamira m'tsitsi langa.

"Thamanga, belu lalira," anatero motsitsa mawu. "Poweruka undidikire pompano."

Zala zawo zinali zozizira kwambiri. Kabudula wanga anali wouma, wopanda ngakhale dontho limodzi.