Nsapato zanga zikadali m'sutikesi ya alamu

Nsapato zanga za mpira zagona m'sutikesi ya alamu anga masabata asanu tsopano. Sutikesiyo ndi yokiya, ndipo kiyi wake amayenda atamangidwa pansonga ya chitenje chawo.

Inu owerenga tsamba lino mwazolowera kuti ndimalemba za mtengo wa tomato pa Nkando ndi za mzere wa kuchigayo. Za m'nyumba mwanga sindilemba. Lero ndilemba, ndipo amene akwiye akwiye.

Ine ndimasewera basiketibolo. Si ntchemberembaye ayi. Ndi mpira uja umaugunditsa pansi uku ukuthamanga, kenako n'kuuponya mumkombero wokhala ndi thabwa kumbuyo. Ndinauyamba ndili Sitandade 5 pabwalo la simenti long'ambikang'ambika kuseri kwa sukulu. Sukulu ndinalekezera Sitandade 6, koma mpira sindinaleke. Ndinakwatiwa nawo, ndinasamuka nawo kupita ku malayini a kampani ya tiyi kumene bambo a kunyumba amagwira ntchito m'fakitale. Ndinapuma pokhapokha pamene ndinali ndi pakati pa Pemphero.

Mwana atakwanitsa miyezi isanu ndi inayi ndinabwerera pabwalo. Apo m'pamene alamu anga a Esinati, achemwali awo a amuna anga amene amakhala khomo loyandikana nafe, anayatsa moto.

Akuti mayi woyamwitsa akamalumpha, mkaka umatentha n'kusasa, mwana n'kuyamba kutsegula m'mimba.

Ankhoswe anakhala katatu, konse m'nyumba ya kampani. Ulendo woyamba anati ndidikire mwana aleke kuyamwa. Ine ndinayang'ana pansi. Wachiwiri anati mkazi wapabanja savala kabudula pamaso pa amuna. Ndinayang'ananso pansi. Wachitatu alamu anangonyamula nsapato, ankhoswe n'kunena kuti, "Poti mwiniwake sakutsutsa, nkhaniyi yatha."

Sindinatsutse, n'zoona. Ine pagulu mawu amandithawa. Ngakhale kutchalitchi akati ndipemphere, thukuta limatsika mpaka m'zigongono. Koma tandiuzeni, munthu akakhala chete ndiye kuti wavomera?

Lachiwiri lapitali ndinapita ndi Pemphero kusikelo. Atamukweza, anamwino anati akukula bwino. Ndinalimba mtima n'kufunsa motsitsa mawu ngati kulumpha kumasasitsa mkaka. Anamwinowo anaseka mpaka kuika cholembera pansi.

"Amayi, mkaka wake si wa m'chigubu. Lumphani, ingomwani madzi ambiri."

Pobwerera ndinakumana ndi Madamu Nakhumwa pasiteji ya maminibasi pa Nkando. Awa ndi aphunzitsi a kupulayimale, ndiwonso kochi wa timu yathu ya amayi. Sanandipatse n'komwe moni wokwanira.

"Felesiya, Lamlungu ndikulemba maina opita kumpikisano wa m'boma muno. Amene sadzaponda pabwalo tsiku limenelo, dzina lake sililembedwa. Malo ako akuwafuna atsikana atatu."

"Madamu, nkhani ija inatha. Ndinaluza katatu."

"Nanga kusikelo akuti chiyani?"

Ndinawauza. Iwo anandikokera pabenchi ya mayi wogulitsa zinanazi, n'kutulutsa foni.

"Ndiye kuti zili zitatu kwa chimodzi. Khala pansi uone."

Anandionetsa zidutswa za masewero akale a ku America, kumene anthu amasewera mpira umenewu ngati ntchito. Ine ndinkaganiza kuti fainolo ndi tsiku limodzi, ngati mpira wamiyendo, woluza n'kupita kwawo akulira. Ayi ndithu. Kumeneko matimu awiri omaliza amakumana mobwerezabwereza, mpaka kasanu ndi kawiri ngati pakufunika kutero. Chikho chimapita kwa amene wayamba kupambana kanayi.

Madamu akuti magemu oyamba anthu sawakumbukira kwenikweni. Amene amakambidwa mpaka lero ndi akumapeto: yachisanu, yachisanu ndi chimodzi, yachisanu ndi chiwiri. Pofika pamenepo palibenso chobisa. Mnzako akudziwa dzanja limene umaponyera, akudziwa mbali imene umathawira, akudziwanso bondo limene likukupweteka. Nonse mwatopa. Chotsala n'chakuti ndani alimbe mtima kuponya.

Anandionetsa chithunzi chakale kwambiri, chosaoneka bwino. Mtsogoleri wa timu ina anali atavulala ntchafu, anthu onse akuganiza kuti sasewera gemu yomaliza. Anatulukira akutsimphina. Anagoletsa kawiri koyambirira, basi, sanagoletsenso. Koma anzake atamuona anayaka moto, chikho n'kutenga.

"Nanga amene aluza katatu, n'kupambana kamodzi kokha?" ndinafunsa.

"Kwa zaka zambirimbiri, aliyense wofika pamenepo mu fainolo ankathera pomwepo. Anthu ankati sizingatheke. Kenako timu ina inachita. Inapambana yachisanu, yachisanu ndi chimodzi, n'kukamaliza yachisanu ndi chiwiri."

Kondakitala wina amene ankasuzumira pafoni anati, "Amayi, za azibambo ataliatali izi mukuzimva? Bwanji osakagula sopo?"

Madamu sanatembenuke n'komwe. "Achimwene, basi yanu ikunyamuka opanda inu." Anathamangadi.

Kenako anandiuza chinthu chimene chinandikhala mumtima. Akuti gemu yachisanu ndi chiwiri imaseweredwa kwawo kwa timu imene inachita bwino chaka chonse, ndipo kawirikawiri eni bwalo ndiwo amapambana. Mkombero ndi womwewo, mpira ndi womwewo, koma munthu kwawo amaponya mosiyana.

Ndinayenda ndi mawu amenewo mpaka ku malayini.

Kodi ife kuno kwathu mwamuna si ndiye amapita kwa mkazi? Amayi anga anakwatiwira pamudzi pawo, agogo chimodzimodzi. Mkamwini ndiye amakhala mlendo, ndipo nkhani za banja zimakambidwa kuchikazi. Koma nyumba ya kampani inatembenuza zinthu. Nyumba ili m'dzina la mwamuna, mlendo ndi iweyo mkazi. Ankhoswe ankabwera ku malayini ati pofuna kuti bambo asajombe kuntchito. Amalume anga ankakhala pampando wobwereka, akumwa tiyi wa eni. Paja amati kwa eni kulibe mkuwe. Magemu onse atatu ndinasewerera kwa eni, osadziwa.

Lachitatu nditaweruka kumunda wa tiyi ndinapita kwa amalume, a Wayisoni. Ndinagwada patali.

"Amalume, ndikufuna nkhani ija ikambidwenso. Koma kuno."

"Iwe Felesiya, si inatha ija?"

"Inu munandimva ndikulankhula?"

Amalume anati, "Mlandu suola. Loweruka."

Ndisanakuuzeni za Loweruka, ndikufunseni kanthu. Mumadziwa atsikana angati amene ankathamanga ngati mphepo kusukulu? Ali kuti lero? Mnyamata akakwatira, Lamlungu amavalabe jezi yake, mkazi n'kumuchapira. Akakula mimba amasamukira ku timu ya madala, akakalamba amakhala pabawo. Palibe ankhoswe amene anakhalapo pansi chifukwa mwamuna wapita kumpira. Koma mtsikana akangobereka, timamuvula nsapato. Timati wakula. Kukula kwake n'kumeneko, kuleka chilichonse chimene chinkamusangalatsa?

Ndipo sitichita kumuletsa ndi ndodo. Timamukhazika pakati pa akuluakulu, timamufunsa funso iye atagwada, akachita manyazi timati wavomera. Mwambo womwewo umene unatiphunzitsa kuti mkazi waulemu sayang'ana akulu m'maso ndi umene umawerenga kuyang'ana pansi ngati yankho.

Loweruka masana tinakhala pakhonde la amayi. Kunabwera amuna anga, nkhoswe yawo a Makwinja, ndi alamu. Aka kanali koyamba kuona alamu akudikira kuti awalozere pokhala. Kuseri kwa nyumba kunali azakhali anga awiri, ati akusenda nandolo, koma nandoloyo sankatha.

A Makwinja anayamba. "Ife timadziwa kuti nkhaniyi tinaimaliza. Mwina pali chatsopano?"

Amalume anati, "Chatsopano n'chakuti mwiniwake akufuna kulankhula."

Onse ananditembenukira. Mawu anathawanso. Ndinayang'ana pansi, n'kuona mng'alu wa pakhonde umene ndinkaseweramo ndili mwana. Ndinati mumtima, pano ndi pathu. Mawu anatuluka aang'ono, akunjenjemera, koma anatuluka.

"Ine ndimathyola tiyi kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka. Ndimakwera mtunda ndi dengu kumsana. Dzuwa limandiwotcha, mvula imandinyowetsa. Tsiku lonse ndimaponya masamba m'dengu lakumbuyo osaliona. Mkaka susasa. Nanga ukasasa bwanji pa ola limodzi Lamlungu, poponya mumkombero umene ndikuuona?"

Kuseri kwa nyumba wina anatsokomola.

Alamu anati, "Ntchito ndi ntchito, alamu. Kulumphalumpha ndi chibwana."

"Ndiye vuto si mkaka."

Sindikudziwa kumene mawu amenewo anachokera. Ndinatulutsa khadi la kusikelo n'kupatsa a Makwinja. Anaona mzere ukukwera, ngakhale kuti ndinali nditasewera mwezi wathunthu asanandilande nsapato.

"Nanga kabudula?" anatero alamu. "Mudzi wonse uziona ntchafu za mkazi wa mchimwene wanga?"

Amalume anatembenukira kwa amuna anga. "Akamwini, inu pa maulendo atatu onse aja simunalankhulenso. Ntchafu zikunenedwazi mwini dandaulo ndi inu kapena ndi achemwali?"

Bambo a Pemphero anakanda m'mutu. Anayang'ana achemwali awo, amene anawalera mayi awo atamwalira, kenako anayang'ana ine.

"Ine mkaziyu ndinamuonera pabwalo lomwelo," anatero. "Ndikanakhala wodana nazo, bwenzi nditangodutsa."

Azakhali analephera kudzigwira. Kuseka kunamveka mpaka kumsewu.

Musaganize kuti ndinatenga chikho. Alamu sagonja msanga chotero, ndipo a Makwinja sakanalola kuti mbali yawo ibwerere chimanjamanja. Ankhoswe anagamula kuti ndisewere mwezi umodzi, nditavala siketi pamwamba pa kabudula. Mwezi ukatha adzakhalanso pansi n'kuona khadi la mwana. Mzere ukadzatsika ngakhale pang'ono, nkhani idzathera pomwepo.

Mwina inu mukuti n'zochepa. Inenso ndikanatero kale. Koma Madamu anandiuza kuti timu imene ili kumbuyo siganiza za chikho. Imaganiza chinthu chimodzi: zisathe lero. Ukapambana yachisanu, wangogula yachisanu ndi chimodzi. Basi. Ine Loweruka ndinagula mwezi.

Tikubalalika ndinafunsa za nsapato. Alamu anagwiragwira nsonga ya chitenje.

"Kiyi uja ndamutaya, alamu. Ndikamufunafuna."

Ndinaona kachinthu kolimba pamfundo ya chitenjecho. Nkhondo zina n'za tsiku lina.

Lamlungu ndinapita pabwalo ndi nsapato za Madamu, zazikulu moti ndinaika nyuzipepala kutsogolo. Mwina munali tsamba lomwe lino. Siketi inkandikola m'miyendo. Mpweya unandithera msanga, ndinaphonya kanayi, mtsikana wina wa Fomu 2 anandilanda mpira ngati akulanda mwana chimanga chowotcha. Ndinagoletsa kamodzi kokha. Ndinatembenuka n'kuona bambo a Pemphero ataima patali pansi pa mtengo wa bulugamu, mwana ali paphewa, akunamizira kuti akungodutsa.

Dzina langa linalembedwa. Nambala seveni pamndandanda, ndi inki yabuluu.

Pemphero anayamwa pomwepo pambali pa bwalo, thukuta lisanaume n'komwe. Wagona bwino, wadzuka bwino, thewera lake lili monga la masiku onse. Ndikulemba izi kuti aliyense amene akuwerenga masiku a mwezi uno ayambe kuwerenga bwino.

Kwa inu amayi anzanga amene munavulidwa nsapato, kaya zanu zinali za mpira, za kwaya kapena za sukulu, sindikukuuzani kuti mukapambana. Ambiri amene anatsalira chotere sanapambane, mbiri yake ikutero. Ndikungofunsa kuti amene anaimba wezulo yomaliza ndani, ndipo munali pabwalo la yani?

Ndipo inu alamu anga a Esinati, ndikudziwa kuti tsamba lino mumawerenga, chifukwa mumakulungira usipa mukamaliza. Ine sindikudana nanu. Munalera mwamuna amene ndimamukonda. Koma zili zitatu kwa ziwiri tsopano, ndipo Lamlungu likubwerali tili ndi gemu ina.

Kiyi uja mwamupeza?