Mkamwini Wozika Ambarela

Lachiwiri, pa 14 Okutobala, anthu agwetsa mtengo wa zipatso wotchedwa ambarela wa aneba anga kuno kwa Likoswe, ati awotchere njerwa. Tsikuli ndalilemba.

Anebawa ndi mkamwini wochokera ku Mauwa, nkhalamba yosasiyana ndi chikwanje. Njere saikhulupirira, amati imachedwa. Amadula nthambi yonenepa ngati mkono, kuizika m'nthaka yonyowa, n'kuitchinga ndi minga kuopa mbuzi. Wopempha aliyense amamupatsa nthambi, n'kumuchenjeza kuti, "Mukakaizika mozondoka musadzati ndakulodzani." Chipatso chowawasachi tinkachinyoza, koma lero chili m'makomo ambiri.

Akazi awo anamwalira mu Juni. Tsopano alamu awo akuti malo ndi a mbumba, iwo azibwerera kwawo. Mtengo utagwa, mkuluyu sanakangane ndi munthu. Anasankha nthambi zitatu, n'kudzandipatsa.

"Aphunzitsi, kazikeni kwanu, muzithirira mpaka mvula. Ine kumene ndikupitako ndilibe pozika."

Ndazika. Inu eni mbumba, amene mwadya zipatso zawo zaka makumi atatu, ndiyankheni: munthu wa zaka 78 akayambire pati?